Apilu siiletsa ma bailiff: zimene lamulo likamba pa kucotsedwa m'nyumba mlandu ukali ku bwalo la pamwamba

Anthu ambiri amene aluza mlandu wa nyumba kapena wa puloti amabwerera kwao mtima uli m'malo akangouzidwa kuti apilu yalowa. Amaganiza kuti palibe amene angawakhudze kufikira oweruza a ku bwalo la pamwamba atamva nkhani yao. Lamulo la dziko lino la Zambia silitero. Munthu amene wapambana mlandu ali ndi mphamvu yotenga nyumba kapena malo amene bwalo lamupatsa, ngakhale mnzake atacita apilu, pokhapo ngati bwalo la milandu lalamula mwapadera kuti ciweruzoco ciyambe caimitsidwa.

Kusadziwa zimenezi kwagoneka mabanja panja. Ana amacoka ku sukulu ndi kupeza mabedi, mapoto ndi mbaula zili pa msewu, citseko cili ndi loko yatsopano, pamene makolo ao ali ndi pepala la apilu m'manja, kudabwa kuti zatheka bwanji. Nkhani ino ifotokoza m'mene lamulo limayendera, zimene woluza ayenera kucita msanga, ndiponso malire amene wopambana sayenera kulumpha.

Kumene milandu yotere icokera

Milandu yolimbirana nyumba ndi malo ndi yoculuka m'mabwalo athu, ndipo magwero ake ndi odziwika. Ina inayamba ndi kugulitsidwa kwa nyumba za boma ndi za makhonsolo mu 1996, pa nthawi ya ulamuliro wa malemu Frederick Chiluba, ndi kugulitsidwa kwa nyumba za makampani a boma monga ZCCM kumene kunatsatira. Anthu ena amene anali kukhala m'nyumbazo anakhulupirira kuti kukhalamo kokha kunawapatsa ufulu wozigula, koma bwalo lalikulu kopambana la Supreme Court linagamula kuti pa nyumba za makampani a boma, kukhalamo sikunali cinthu cokha coyang'anapo.

Milandu ina imabuka pa cuma ca masiye, pamene abale a malemu agulitsa nyumba imene lamulo la Intestate Succession Act la mu 1989 limapatsa mkazi kapena mwamuna wamasiye pamodzi ndi ana. Ina ndi ya puloti imodzi yogawidwa kwa anthu awiri. Inanso ndi ya mabanki ofuna kutenga nyumba zimene zinaperekedwa ngati cikole pa ngongole. Pa milandu yonseyi mapeto ake ndi amodzi: bwalo limachula mwini wake, ndipo winayo amalamulidwa kucoka.

Amene ali ndi mphamvu yocotsa munthu

Ciweruzo pacokha sicinyamula katundu. Nthawi zina woweruza amapatsa woluza masiku akuti alongedze ndi kucoka yekha. Masikuwo akatha iye akali m'nyumba, wopambana amabwerera ku bwalo kukatenga cikalata cochedwa writ of possession. Kawiri-kawiri cikalata cimeneci cimafuna cilolezo ca bwalo, ndipo bwalo limafuna kutsimikiza kuti anthu onse okhala pa malowo anadziwitsidwa za mlandu, kuti amene ali ndi conena akhale ndi mpata wocinena.

Cikalataci cimapita ku ofesi ya Sheriff wa dziko la Zambia, imene ili pansi pa cigawo ca mabwalo a milandu ndipo imayendetsedwa ndi lamulo la Sheriffs Act. Sheriff, omuthandiza ake m'zigawo ndi ma bailiff ao ndiwo ali ndi mphamvu yotulutsa munthu ndi katundu wake ndi kupereka makiyi kwa wopambana. Apolisi akabwera nao, nchito yao ndi yosungitsa bata. Iwo sagamula kuti mwini nyumba ndani, ndipo kuthamangira ku polisi ndi pepala la apilu sikuimitsa ma bailiff.

Ngati bwalo linalamulanso woluza kulipira ndalama, monga zolipirira mlandu kapena za miyezi imene anakhala m'nyumba ya mwini popanda cilolezo, ma bailiff angabwere ndi cikalata cina cimene ambiri amacidziwa ndi dzina lakuti fifa. Ici cimawalola kulanda katundu ndi kumugulitsa kuti ndalamazo zipezeke. Munthu aliyense wofikiridwa ndi ma bailiff ali ndi ufulu wopempha kuona cikalata ca bwalo cokhala ndi cidindo, nambala ya mlandu ndi malo amene achulidwamo.

Njira ya apilu

Apilu ndi dandaulo lopita ku bwalo la pamwamba lonena kuti woweruza woyamba analakwitsa pa lamulo kapena pa kaonedwe ka umboni. Yocokera ku Local Court imapita ku bwalo la majisitireti, ya kwa majisitireti imapita ku High Court, ndipo ya ku High Court imapita ku Court of Appeal. Bwalo la Court of Appeal linakhazikitsidwa mu 2016 pamene lamulo lalikulu la dziko linakonzedwa. Kale apilu yocokera ku High Court inali kupita mwacindunji ku Supreme Court, koma tsopano wofuna kufika kumeneko ayenera kuyamba wapempha cilolezo, ndipo cilolezoco sicipatsidwa kwa aliyense.

Wofuna kucita apilu ku Court of Appeal ali ndi masiku 30 kucokera pa tsiku la ciweruzo kuti apereke cidziwitso ca apilu pamodzi ndi zifukwa zake. Akatero ali ndi masiku ena 60 oti asonkhanitse ndi kupereka buku lonse la mlandu, lokhala ndi ciweruzo, umboni ndi mfundo zimene adzaimapo. Wocedwa ayenera kupempha bwalo kuti limuonjezere nthawi, ndipo afunika kufotokoza cimene cinamucedwetsa.

Malamulo a Court of Appeal a mu 2016 amanena poyera kuti apilu siimitsa ciweruzo pokhapo bwalo litalamula. Mfundo yomweyi ili m'malamulo a Supreme Court ndiponso m'buku la kayendetsedwe ka milandu la ku England la mu 1999, lochedwa White Book, limene High Court imatsatira pa nkhani zimene malamulo athu sanachulepo.

Cifukwa cake lamulo lili tero

Ena angaone ngati ndi nkhanza kutulutsa munthu m'nyumba pamene mlandu wake ukali kuyembekezera oweruza ena. Koma mlandu uli ndi mbali ziwiri. Tinene kuti munthu wina anapuma pa nchito, natenga ndalama zake za penshoni ndi kugula nyumba ku Chilenje. Wogulitsayo analandira ndalama koma anakana kucoka. Wogulayo wayenda ku khoti zaka zingapo, akulipira lendi kwina pamodzi ndi maloya, ndipo pomaliza wapambana. Pepala la apilu likanakhala lokwanira kumuimitsa, aliyense woluza akanalemba apilu, ngakhale yopanda mutu, kuti angokhala m'nyumba ya mwini zaka zina zingapo.

Ndiye cifukwa cake lamulo limatenga ciweruzo ca bwalo loyamba kukhala colondola kufikira bwalo la pamwamba litacisintha. Supreme Court inalongosola zimenezi mu 1999, pa mlandu umene unakhudza Chainama Hotels ndi banki ya Investrust Merchant Bank. Bwalo linati ndi kutaya nthawi kupempha kuti ciweruzo ciimitsidwe pa cifukwa cakuti apilu yalowa cabe, ndipo linaonjezera kuti wopambana angamanidwe zimene wapambana ngati pali zifukwa zomveka ndi zokwanira. Mu 2004 bwalo lomweli linabwereza mfundo imeneyi pa mlandu wa pakati pa Nyampala Safaris ndi bungwe la Zambia Wildlife Authority.

Pempho loimitsa ciweruzo

Cimene cimaimitsa ma bailiff ndi lamulo lapadera la bwalo limene maloya amalicha stay of execution. Pempho lake ndi losiyana ndi apilu, ndipo limalembedwa palokha. Limayamba kupita ku bwalo lomwelo limene linapereka ciweruzo. High Court ikakana, wopemphayo angapite nalo kwa woweruza mmodzi wa Court of Appeal, ndipo ngati nayenso wakana, angapemphe kuti bwalo la oweruza angapo lionenso nkhaniyo.

Pempholi limayendera limodzi ndi cikalata columbirira, cochedwa affidavit, m'mene wopempha amafotokoza zoona zake za nkhani ndi kuphatikapo mapepala a umboni. Pamene zinthu zathina, monga ngati ma bailiff akuyembekezeka m'masiku owerengeka, woweruza angamve mbali imodzi yokha ndi kuimitsa ciweruzo kwa kanthawi, kenaka ndi kuika tsiku lakuti mbali zonse ziwiri zikaonekere. Lamulo la kanthawi limeneli likangosainidwa liyenera kuperekedwa msanga ku ofesi ya Sheriff ndi kwa loya wa mbali inayo. Likakhala m'cikwama ca mwini wake, ma bailiff sadziwa kuti lilipo ndipo adzagwira nchito yao.

Zimene woweruza amayang'ana

Woweruza sakakamizidwa kuvomera pempho lotere. Amayesa nkhani iliyonse payokha, ndipo pali mafunso awiri akulu-akulu amene amadzifunsa.

Funso loyamba ndi lakuti, kodi apiluyo ili ndi mwai weni-weni wopambana? Woweruza amaloledwa kusuzumira m'zifukwa za apilu, osati kuti aigamule, koma kuti aone ngati muli mfundo yoti oweruza a pamwamba angaimirirepo. Kungolemba kuti woweruza analakwitsa sikukwanira. Wopempha ayenera kuloza pamene panalakwika, mwacitsanzo umboni wofunika umene sunayang'anidwe, kapena gawo la lamulo limene linamasuliridwa molakwa. Pa milandu ya malo pali cinthu cimodzi colemera kwambiri. Lamulo la Lands and Deeds Registry Act limati cikalata ca umwini, cimene ambiri amacicha title deed, ndi umboni wotsimikizika wakuti wochulidwamo ndiye mwini malo, pokhapo patapezeka cinyengo kapena zolakwika zina zimene lamulo limachula. Motero amene akulimbana ndi munthu wokhala ndi cikalata cimeneci afunika kuonetsa zambiri kuposa kunena kuti wakhala pa malowo zaka zambiri.

Funso laciwiri ndi lakuti, ciweruzo cikapanda kuimitsidwa, kodi padzaonongeka cinthu cimene sicingabwezedwe ngakhale apilu itapambana? Pa mlandu wa ndalama yankho limakhala losavuta, cifukwa ndalama zimabwezeka ngati wozilandirayo ali nazo. Pa nyumba ndi malo mabwalo akhala akuvomereza kuti malo ena salowa m'malo mwa ena. Ngati pali umboni wakuti wopambana afuna kugulitsa nyumbayo, kuigwetsa kapena kugawa famu m'mapuloti, wopempha ayenera kuuika umboniwo pamaso pa bwalo. Koma kuvutika kokha cifukwa cosamuka sikupulumutsa apilu yopanda maziko. Woweruza angamve cisoni ndi banja la ana ang'ono, komabe ndi kukana pempho ngati aona kuti apiluyo siipita patali.

Bwalo limayang'ananso khalidwe la wopempha. Amene wakhala cete miyezi yambiri ndi kudzidzimuka ataona galimoto ya ma bailiff pa geti amavutika kukhutiritsa woweruza. Cimodzi-modzi amene wabisa zoona m'cikalata columbirira, maka-maka pamene mbali inayo kunalibe. Bodza likaululika, lamulo limene anapatsidwa lingafafanizidwe.

Nthawi zina bwalo limavomera pempho koma ndi kuikapo zofunika kutsatira. Lingalamule wopempha kusungitsa ndalama ku khoti, kapena kusagulitsa, kusamanga ndi kusagwetsa kanthu pa malowo mpaka apilu itatha. Wophwanya zimenezi amataya citetezo cimene anali naco. Citetezoco cimathanso ngati apilu yatayidwa cifukwa mwini wake sanaitsatire mu nthawi yake.

Pamene palibe coimitsa

Pali nthawi ziwiri pamene pempho lotere silithandiza. Yoyamba ndi pamene ma bailiff amaliza kale nchito yao. Akulu anati madzi akatayika saoleka. Katundu akatuluka ndipo makiyi aperekedwa, palibenso cimene bwalo lingaimitse. Wotulutsidwayo amatsala ndi njira ziwiri: kuyembekezera apilu ali kunja, kapena kupempha bwalo kuti lifafanize kucotsedwako ngati angaonetse kuti kunacitika mosatsata lamulo.

Yaciwiri ndi pamene ciweruzo sicinapatse munthu aliyense kanthu, koma cinangokana dandaulo la wodandaula. Supreme Court inagamula zimenezi mu 2016 pa mlandu wa pakati pa bungwe lotolera misonkho la Zambia Revenue Authority ndi nyuzipepala ya The Post. High Court inali itakana dandaulo la nyuzipepalayo pa nkhani ya misonkho, kenaka ndi kupereka lamulo loimitsa poyembekezera apilu. Supreme Court inafafaniza lamulolo ponena kuti ciweruzo cokana dandaulo cilibe kanthu mkati mwake koti kaimitsidwe. Mwezi womwewo wa June, maofesi a nyuzipepalayo anatsekedwa. Ngakhale mlanduwu sunali wa nyumba, mfundo yake imagwiranso nchito pa milandu ya malo.

Wopambana nayenso asamale

Kupambana mlandu sikupatsa munthu ufulu wodzitengera yekha nyumba. Kusonkhanitsa anyamata aganyu, kuthyola citseko, kuopseza okhalamo kapena kucotsa malata pa denga ndi kuphwanya lamulo. Buku la milandu ya upandu la Penal Code limaletsa kulowa pa malo mwaciwawa ndi colinga cowatenga, ndipo limanena kuti zilibe kanthu kaya wolowayo ndiye mwini wake weni-weni. Njira yokha yololedwa ndi yodzera kwa Sheriff.

Lamulo la Sheriffs Act limaikanso udindo pa munthu amene watuma ma bailiff. Ngati kucotsako kwacitika mosatsata dongosolo cifukwa ca iye, monga kuwalozera nyumba yolakwika kapena kuwatuma akudziwa kuti bwalo laimitsa ciweruzo, zoonongeka zonse zimagwera pa mutu pake. Ndiponso wopambana ayenera kukumbukira kuti apilu ikali moyo. Akathamangira kugwetsa nyumba kapena kuigulitsa, ndiye apiluyo ndi kupambana, angalamulidwe kubweza malowo kapena kulipira ndalama zambiri.

Woluza nayenso ali ndi malire ake. Kubwerera usiku ndi kuthyola loko imene ma bailiff aika ndi kunyoza bwalo la milandu, ndipo Penal Code imachula mwacindunji munthu wolandanso malo kwa amene wawalandira kumene kudzera m'cikalata ca bwalo. Wocita zimenezi angapezeke ali m'ndende pamene apilu yake ikali pa mzere.

Anthu a lendi ndi ena okhala pa malowo

Nthawi zambiri amene amavutika kopambana ndi anthu amene sanali nao mu mlandu. Munthu wa lendi amalipira mwezi ndi mwezi osadziwa kuti amene amamulipira waluza nyumbayo ku khoti. Aliyense wokhala pa malo amene ali ndi ufulu wake-wake, kaya wa lendi, wamasiye kapena wogula, angapemphe bwalo kuti limuphatikize mu mlandu kuti amvedwe, ndipo mabwalo athu avomerapo mapempho otere ngakhale ciweruzo citaperekedwa kale. Ngati ma bailiff alanda katundu wa munthu amene alibe ngongole, mwini katunduyo ayenera kudziwitsa Sheriff mwa kulemba, ndi kusunga malisiti, kuti bwalo ligamule za umwini wake asanagulitsidwe.

Pa mkangano wa pakati pa mwini nyumba ndi wa lendi wake pali malamulo ena oonjezera. Lamulo la Rent Act limaletsa eni nyumba zambiri zokhalamo kutulutsa wa lendi kapena kumulanda katundu popanda cilolezo ca bwalo. Pa masitolo ndi malo ena a malonda, lamulo la Landlord and Tenant Business Premises Act limafuna cidziwitso ca miyezi yosacepera 6. Palinso njira yacidule yocotsera anthu olowa pa malo a eni popanda cilolezo, koma mu 2002 Supreme Court inacenjeza kuti njira imeneyi ndi ya anthu okhawo amene alibiretu ufulu ulionse pa malowo, osati amene ali ndi dandaulo loyenera kumvedwa.

Boma ndi makhonsolo

Zinthu zimasintha ngati woluza ndi boma. Lamulo la State Proceedings Act sililola ma bailiff kutumidwa kukalanda katundu wa boma, ndipo pa mlandu wa malo bwalo silingalamule boma kucoka. Cimene lingacite ndi kulengeza kuti wodandaulayo ndiye woyenera malowo. Pa makhonsolo, gawo 160 la lamulo lalikulu la dziko monga linakonzedwa mu 2016 limati wopambana mlandu ayenera kuyembekezera caka cimodzi kucokera pa tsiku la ciweruzo asanacikakamize.

Zoyenera kucita

Amene waluza mlandu wa nyumba ndipo afuna kucita apilu atenge ciweruzo colembedwa mwamsanga ndi kuwerenga bwino ngati mwachulidwa tsiku locokera. Apereke apilu masiku ololedwa asanathe, ndipo nthawi yomweyo apereke pempho loimitsa ciweruzo. Amene ali ndi loya amufunse funso ili mwacindunji: kodi ciweruzo caimitsidwa, ndipo pepala lake lafika kwa Sheriff? Yankho lakuti apilu yalowa silikwanira.

Ndi nzerunso kukonzeratu kokaika katundu ndi kokakhala ana, cifukwa pempho lingakanidwe. Mbali ziwirizi zingathenso kugwirizana pa tsiku locokera ndi kupereka mgwirizanowo ku bwalo kuti ukhale lamulo, njira imene imapulumutsa ndalama za ma bailiff ndi manyazi a katundu wa pa msewu.

Amene alibe ndalama zolipira loya angapite ku bungwe la boma la Legal Aid Board, limene limagwira nchito pansi pa lamulo la Legal Aid Act la mu 2021 ndipo lili ndi maofesi m'zigawo za dziko lino. Amai ndi ana angapezenso thandizo ku National Legal Aid Clinic for Women, imene inakhazikitsidwa ndi bungwe la maloya la Law Association of Zambia. Popita kumeneko munthu anyamule ciweruzo, mapepala onse a mlandu, zikalata za malo ndi malisiti, ndipo apite m'masiku oyambirira ciweruzo citangoperekedwa, ma bailiff asanafike pa khomo.